Amalume Tanaziyo Anaitanidwa Katatu ku Moatize

Chinali chaka cha 1997, ine ndili ndi zaka makumi anayi ndi chimodzi, pamene amalume anga a Tanaziyo Phiri anataya dimba lawo la kumtsinje wa Mkanda. Sanagonje pamaso pa woweruza wamkulu. Analitaya chifukwa pa tsiku la mlandu dzina lawo linaitanidwa katatu ku Moatize, iwo ali kuno ku Zobwe, ali m'dzenje lofika m'chifuwa, akukumba manda a mkazi wa munthu amene ankalimbana naye.

Mwezi uno akwanitsa zaka khumi ali m'dothi. Ana a masiku ano amangokumbukira nkhalamba yaukali imene inkakhala pachitsa kuseri kwa tchalitchi. Ine dzina langa ndine Lusiyano, mwana wa mlongo wawo. Ndinaliko, ndipo ndilemba zimene ndinaona.

Anali munthu wamfupi, wa mapewa otambalala, wa mawu ochepa. Pamudzi sankaseka. Ankaseka kumanda kokha, chifukwa kumeneko ndiye kunali kuntchito kwawo. Banja lathu ndi banja la a Mbewe ndife adzukulu kuyambira makolo: akafa wa kwawo timakumba ndife, akafa wa kwathu amakumba iwo. Ku mbali yathu wotsogolera anali amalume. Uthenga wa maliro ukafika ankasiya chilichonse chimene chili m'manja, ngakhale mbale ya chakudya.

Anali ndi khasu lapadera la manda. Linkakhala patsindwi la khonde, ndipo silinalimepo mzere ndi umodzi womwe m'munda. Mtembo ankauyeza okha ndi bango, osalola wina. Dzenje linkayenera kufika m'chifuwa mwawo, ndiyeno ankati tionjezere chikhatho chimodzi popeza iwo anali munthu wamfupi, ndipo wakufayo sanalakwe kanthu kuti afupikitsidwe chifukwa cha msinkhu wa womukumbira. Mnyamata wobwera kumanda akununkha kachasu ankamubweza pomwepo. Ankanena kuti munthu amamukumbira kamodzi kokha, ndiye ukalakwitsa sudzapeza tsiku lokonza.

Anakangana ndi anthu ambiri. Mkangano wotchuka unali wa a Benedito, katekisita wathu. Tsiku lina a Benedito anatalikitsa ulaliki pamanda mitambo itada kale. Amalume anayamba kugogoda khasu pamwala, pang'onopang'ono, osasiya, mpaka anthu anayamba kuyang'anana.

"A Phiri, mawu a Mulungu sathamangitsidwa," anatero a Benedito.

"Mulungu yemweyo ndiye watumiza mvulayo," anayankha amalume. "Mukufuna tiike munthu m'chitsime?"

Chaka chathunthu sanapatsane moni, koma Lamulungu lililonse amalume ankakhala pabenchi yakutsogolo, maso ali pa a Benedito, akuimba mokweza kuposa wina aliyense.

Dimba limene ndikunenali analandira kwa amalume awo. Linali m'munsi mwa phiri, ndipo linali ndi kasupe wosaphwa ngakhale m'chilimwe. Anadzalamo okha malalanje, nthochi ndi mpeyala umodzi pafupi ndi kasupeyo. Mwa mwambo wathu likanadzakhala langa. Sindikulembera zimenezo.

Nkhondo itafika kwathu mu 1986 tonse tinathawira ku Malawi, kumsasa wa ku Mwanza. Kumenekonso amalume ankakumba, ndipo ntchito inali yambiri. Mtendere utabwera mu 1992 anthu anayamba kubwerera, ine ndi banja langa tili m'gulu loyamba. Amalume anatsalira. Akazi awo a Nangozo ankadwala chifuwa, ndipo anamwalira komweko. Atawaika, amalume anakana kukwera galimoto mpaka atatuta miyala ndi kuiunjika pa manda a akazi awo ndi a anthu onse a m'mudzi mwathu amene tinawasiya kumeneko. Anafika ku Zobwe mu 1995, ali okha, atanyamula mtolo wa zofunda ndi khasu lija.

M'dimba anapezamo a Fabiyano Mbewe. A Fabiyano anali atabwerera msanga, analima zaka ziwiri, nadzalamo kabichi ndi mbatatesi. Sanali munthu woipa. Anali ndi ana asanu ndi awiri, ndipo anali ndi mawu ake: ankati agogo ake ndiwo anaswa malowo, nangobwereka a kwathu. Akuluakulu anayesa kuwakhazika pansi, zinakanika. Nkhani inapita kubwalo la milandu la kwathu kuno. A Fabiyano anabwera ndi mboni zitatu. Amalume atafunsidwa za mboni zawo anati mboni zawo zonse anaziika okha m'manda, zina kuno, zina ku Mwanza. Bwalo linapereka dimba kwa a Fabiyano.

Tikubwerera, anandiimitsa panjira imene imadutsa pamwamba pa dimbalo. Analoza mpeyala uja.

"Lusiyano, Rozaliya unauzidwa kuti ali kuti?"

Rozaliya anali mwana wawo mmodzi yekhayo, wa zaka zisanu ndi zinayi. Tonse tinkadziwa kuti anafa ndi malungo masiku othawa aja. Ndinati ndinamva kuti anafera panjira.

"Ali apo. Patsinde, mbali ya kasupe."

Anandiuza ataima, osandiyang'ana. Masiku atatu anabisala m'nthochi za m'dimbamo, iwo, a Nangozo ndi mwanayo, mfuti zikumveka kumsewu. Mwana anatha dzuwa lili paliwombo. Anakumba mofulumira, mochita kugwada kuti asaoneke. Dzenje linafika m'mawondo basi. Analibe bango, analibe mphasa, panalibe wa kwa a Mbewe ndi mmodzi yemwe. Anamukulunga m'chitenje cha amake, nasalaza dothi kuti pasaoneke.

"Ine amene ndinkabweza anthu chifukwa cha chikhatho chimodzi," anatero. "Mwana wanga ali m'mawondo."

Ndinawafunsa chifukwa chimene sananenere zimenezi pabwalo. Anati pabwalo panali mudzi wonse, ndipo pakamwa panakana kutseguka. Ankafuna dimbalo libwerere kuti akaunjike dothi ndi miyala, akaimike mtanda, aitane a Benedito adzapemphere, ngakhale atatalikitsa mpaka dzuwa kulowa.

Ndine amene ndinawakakamiza kuti tidandaule kubwalo lalikulu la ku Moatize. Ndinafika kalasi yachinayi, Chipwitikizi ndimawerenga. Mphunzitsi wina anatilembera pepala lopempha kuti mlandu uunikidwenso, limene amati rekuruso, ndipo ndinakalipereka ndekha. Amalume anavomera kuti ku Moatize, pamaso pa anthu osawadziwa, adzanena za manda. Tinadikira miyezi isanu ndi iwiri. Miyezi yonseyo ankayeserera mawu awo. Ndinkawapeza akusema mpini, milomo ikuyenda.

Kalata yotiitana itabwera ndinawawerengera yonse. Inatchula tsiku ndi ola. Pansi pake panalembedwa kuti wodandaula akapanda kufika popanda chifukwa chomveka, dandaulo lake lidzatayidwa. Ndinawawerengera mzere umenewo kawiri.

"Ndamva," anatero. "Ndikalephera n'chiyani, ndili ndi miyendo?"

Tsikulo tinafika kumsewu kukuyera, kudikira shapa, galimoto lonyamula anthu, yoyamba yotsikira ku Moatize. Kunali chisanu cha ku Zobwe chija, nkhungu ili thoo pamapiri. Amalume anavala jekete ndi nsapato zimene ankasungira Pasaka. A Fabiyano anayenera kukwera galimoto lomwelo, popeza loyamba linali lokhalo lofika nthawi yabwino. Amalume ankayang'anayang'ana kunjira ya kwa a Mbewe.

"Mnzanu uja wagona," ndinatero. "Mwina wachita mantha."

"A Fabiyano sagona. Munthu wolanda dimba amadzuka msanga."

Ndipamene tinamva mfuu kutsidya kwa dambo, ya azimayi, yotalika. Patangopita nthawi pang'ono anatulukira a Jowakimu, mng'ono wa a Fabiyano, akukankha njinga. Anaigoneka pansi, nanjuta patali pang'ono, chipewa chili m'manja.

"A Phiri, kwathu kwada. Mlamu wanga a Nabanda atisiya m'mawa uno. Anadzuka bwinobwino kuti awaphikire achimwene kamba wa ulendo, angogwa pakhomo."

Kumtunda kunamveka kulira kwa shapa ikutsika. Amalume anawerama, nayamba kumasula zingwe za nsapato.

"Amalume, galimoto ndi ilo," ndinatero.

"Ndaliona."

"Tikafike, mukanene mawu anu, madzulo tabwerera. Manda akumba ena."

"Ena ati? Ana a kachasu aja?"

"Pepala lija ndinakuwerengerani."

"Pepala likunena za munthu wothawa mlandu. Ine ndathawa? Mlandu uti unazengedwapo maliro ali m'nyumba? Tonse awiri kulibe, ndiye azenga ndi ndani? Atiuza tsiku lina." Anandipatsira jekete. "Juwizi ameneyo, woweruzayo, alibe amake? Sanaikepo munthu?"

Shapa inaima. Wothandizira dalaivala anakuwa kuti, "Moatize, Tete! Madala, mukukwera kapena mukuwotha msewu?" Amalume anali atayamba kale kuyenda, nsapato zili m'manja. Anatembenuka kamodzi.

"Lusiyano, ukatenge khasu lako. Nawenso ndiwe mdzukulu."

Ndikanatha kukwera ndekha, ndikafike, ndikanene kuti kwagwa maliro. Maganizo amenewo anandifikira, mwendo umodzi uli kale kumsewu. Koma kwathu kuno kuyambira ndili mwana sindinaonepo bwalo likukhala tsiku la maliro, ndipo mumtima ndinkati amalume akunena zoona. Sindinakwere. Mlandu umenewo ndi wanga, ndipo ndausenza mpaka lero.

Anayeza a Nabanda ndi bango. Anakumba monga ankakumbira nthawi zonse, mpaka m'chifuwa ndi chikhatho chimodzi. A Fabiyano anabwera kudzaona malo, atagwiridwa ndi abale awiri, maso atatupa. Mdzukulu amaloledwa kunena chilichonse pamaliro, ndipo amalume anadzutsa mutu ali m'dzenjemo.

"A Mbewe, kadothi aka kokha musandilande. Ndikukonzera akazi anu."

Anthu anaseka. A Fabiyano anaseka nawo, kenaka kusekako kunasanduka kulira, nakhala pansi pomwepo.

"A Phiri, lero si lija tinaitanidwa?"

"Ndi lomweli. Khalani pansi, mulire akazi anu. Tidzatukwanizana bwino mwezi wamawa, ine sindithawa."

Titaika maliro ndinati mawa lake tipite ku Moatize. Anakana, anati tidikire kumeta. Atameta anakananso, anati si ulemu kukokera kubwalo munthu amene m'nyumba mwake mukadali phulusa la maliro. Unatha mwezi. Kenaka anavalanso jekete ndi nsapato zija, tinatsika.

Ku Moatize kunali kotentha, fumbi lakuda lili pamasamba a mitengo. Kutiribunale, kubwalo lalikulu lija, tinapeza mlembi wa bwalo, bambo wa imvi zochepa, wolankhula Chinyungwe chosakaniza ndi chathu kuti timve. Anatilandira bwino. Anafunafuna m'mulu wa mapepala, natulutsa athu, nawerenga mwakachetechete. Atatha anavula magalasi.

"Baba, mlandu uwu unatha."

"Unatha bwanji ine ndisanalankhule?"

"Tsiku lija dzina lanu linaitanidwa pakhomo apo katatu. Ndinaitana ndine. Panalibe woyankha. Juwizi anadikira, kenaka analemba kuti rekuruso yatayidwa."

"A Mbewe anabwera?"

"Sanabwere."

"Ndiye wapambana bwanji munthu amene sanabwere?"

"Wodandaula ndinu, baba. Iwo anali nacho kale chigamulo. Wodandaula akasowa, chigamulo choyamba chimaima pomwe chinali."

Amalume anati kunagwa maliro. Mlembi anafunsa ngati anali maliro a m'nyumba mwawo. Anati ayi, anali a mkazi wa a Mbewe omwewo. Mlembiyo anawayang'ana, nati:

"Mukanatumiza munthu tsiku lomwelo, kapena kalata masiku oyambirira aja, juwizi akanamva. Nthawi yake inalipo, koma inadutsa. Ine ndilibe mphamvu yotsegula chimene chatsekedwa."

Ananena kuti munthu, ndipo munthuyo ndinali ine. Amalume sanandiyang'ane, tsiku limenelo ngakhale tsiku lina lililonse pambuyo pake. Sananditchulirepo.

Anaimirira, nakonza jekete, naika manja kumbuyo. Ndinaganiza kuti tikutuluka. Koma anayamba kulankhula mawu aja anayeserera miyezi isanu ndi iwiri. Anatchula dzina lawo ndi la amalume awo. Anatchula mitengo umodziumodzi, chaka chimene anaudzala. Anatchula Rozaliya, chitenje cha amake, ndi dzenje la m'mawondo. Sanalumphe kanthu. M'chipindamo munali mlembi, ine, ndi mayi wina amene ankadikira nkhani yake pabenchi. Mlembi anaika cholembera pansi, namvetsera mpaka kumapeto.

"Ndamva, baba," anatero. "Koma palibe pamene ndingazilembe."

"Ndadziwa. Ndimafuna zituluke."

M'galimoto pobwerera anandiuza chinthu chimodzi chokha, kuti za Rozaliya ndisauze munthu iwo ali moyo. Anati ananena kamodzi pamalo oyenera, ndipo sadzapita nazo pakhomo la wina ngati wopempha mchere.

A Fabiyano atamva mmene mlandu unathera anabwera kwa amalume pamodzi ndi a Jowakimu. Ndinaliko. Anakana mpando, anakhala pansi.

"A Phiri, tulo sindikupeza. Mlandu uja simunagonje, munagonjera ine ndi maliro anga. Tengani mbali ya kumtunda, ya kasupe ndi mpeyala. Ine nditsale ndi kumunsi."

Inali mbali yomweyo. A Fabiyano sankadziwa chimene akupereka. Ndinayang'ana amalume.

"Mukundilipira?" anafunsa.

"Ayi, a Phiri, si malipiro."

"Mukanabwera nazo a Nabanda ali moyo, ndikanalandira. Lero mudzi wonse udzati Tanaziyo anakumbira a Nabanda kuti apatsidwe dimba. Mawa wina akadzafa kwanu, ana anga adzayamba afunsa kuti tilandira chiyani. Ine ndinakumba chifukwa ndine mdzukulu wanu. Nyamukani, pansipo pakuzizira."

Alendo atapita ndinawakalipira, koyamba ndi komaliza m'moyo wanga. Ndinati kunyada kwawo kwaposa mwana wawo. Anandisiya ndilankhule mpaka nditatopa. Ndiyeno anati Rozaliya anamulakwira kamodzi, ndipo sangamukonzere manda ndi dothi logula ndi mtembo wa munthu wina. Kaya anali olondola, sindidziwa. Ndaganiza zaka zonsezi, ndipo yankho limasintha.

M'dimbamo sanapondemonso. Koma njira ya pamwamba ija ankaidutsa tsiku lililonse, ngakhale kumene akupita kuli kwina. Ankaima pang'ono, n'kutsina fodya wawo wa m'mphuno, n'kupitirira. A Fabiyano akawaona ankakuwa kuchokera kumunsi kuti atsike adzathyole malalanje. Iwo ankayankha kuti malalanje a a Mbewe ndi owawasa. Anapitiriza kukumbira a Mbewe mpaka msana unakana. Anaika a Jowakimu, anaikanso zidzukulu ziwiri za a Fabiyano. Msana utakana ankakhala pamphepete pa dzenje ndi bango lawo, akukalipira anyamata.

Iwo atamwalira anakumba a kwa a Mbewe. A Fabiyano anali atakalamba, maso atachita khungu, koma anauza ana awo kuti awanyamule. Anakhala pamulu wa dothi, nafunsa kuti dzenje lafika pati. Ana anati m'chifuwa.

"Onjezani chikhatho," anatero. "Mukapanda kutero adzuka ameneyu, atitukwane tonse."

Titameta ndinapita kwa a Fabiyano, ndinawauza za Rozaliya. Anagwira kumutu. Anati, "Zaka zonsezi ndakhala ndikulima pamwamba pa mwana?" Anatuma ana awo awiri kuti apite nane, tikaike miyala pamene ndiloze.

Sindinathe kuloza. Mpeyala unali utadulidwa zaka zitatu m'mbuyomo, unkachititsa mthunzi pa kabichi, ndipo chitsa anachizula. Kasupe anamukumbira ngalande, anasuntha. Amalume anandilozera kamodzi kokha, tili pamwamba panjira, ndipo chizindikiro chinali mtengowo. Tinayenda m'mizere uku ndi uku mpaka dzuwa linapendeka. Miyala tinaisiya m'mphepete mwa munda. Ili pomwepo, yamera udzu. A Fabiyano nawo anatsatira chaka chotsatira.

Dzulo ndinadutsa panjira ija. M'munsimo ndi mizere ya kabichi yokhayokha, yowongoka bwino, kuyambira kuphiri mpaka kumtsinje. Palibe mthunzi. Khasu la manda lili patsindwi la khonde langa, mpini wake unadyedwa ndi chiswe, ndipo anyamata a lero amabwera ndi mafosholo awo.

Zimene zinapita tsiku lija ndi izi: dimba limodzi, kasupe mmodzi, mitengo ya malalanje khumi ndi umodzi, mpeyala umodzi, ndi manda amodzi ofika m'mawondo, a mwana wa zaka zisanu ndi zinayi, amene palibenso munthu wodziwa pamene ali.